Ana anga awiri akufuna kusiya sukulu kuti aziimba: yankho kwa mayi wa ku Leicester

"Ndine mayi wa ana aakazi awiri, timakhala ku Leicester. Wamkulu ali ndi zaka 17, ali Year 12, chaka choyamba cha ma A level (maphunziro a zaka ziwiri okonzekera yunivesite), akuphunzira Biology, Chemistry ndi Maths chifukwa bambo ake akufuna adzakhale dokotala. Pa mayeso oyeserera wapeza D imodzi ndi ma E awiri. Wamng'ono ali ndi zaka 16, alemba GCSE, mayeso omwe ana kuno amalemba ali ndi zaka 16, chaka chino. Onse anayamba kuimba kwaya tikadali ku Zomba, ndipo akaphatikiza mawu awo anthu kutchalitchi amagwetsa misozi. Kanema wawo wina, akuimba nyimbo ya munthu wina wotchuka, wafala pa TikTok. Tsopano bambo wina wawalembera kuti ndi manijala, akufuna £800 ya situdiyo komanso kuti tisaine pepala la zaka zisanu. Anawo akuti sukulu ikuwachedwetsa. Bambo awo awalanda mafoni, akuti sanawoloke nyanja kudzalera oimba. M'nyumba sitikulankhulana. Ine ndimagwira ntchito usiku kosamalira okalamba, masana tulo sitibwera. Ndichite chiyani?"

Mayi, makalata ngati lanuli amandipeza chaka chilichonse mayeso akayandikira. Chimasintha ndi tauni ndi luso la mwanayo, wina mpira, wina kujambula, wina kuimba. Koma nyumba imakhala yomweyo: bambo akakamira udokotala, mwana akakamira foni, mayi ali pakati akuwonda.

Ndiyambe ndi chomwe sichingadikire. Musapereke £800 imeneyo, ndipo musasaine kalikonse. Manijala weniweni salipidwa ndi woimba ntchito isanayambe. Iye amadya gawo la zimene woimbayo wapeza, kawirikawiri 20 pa 100 iliyonse, kutanthauza kuti ana anu akapanda kupeza kanthu nayenso amagona ndi njala. Wobwera atatambasula kale dzanja ameneyo malonda ake ndi makolo a ana, osati nyimbo. Komanso bambo wamkulu wolembera atsikana a zaka 16 ndi 17 kumbali, osayamba wagogoda kwa makolo, ine ndilibe naye chikhulupiriro ngakhale pang'ono. Asakumane naye inu kulibe. Chikomekome cha mkuyu, mkati muli nyerere. Tsiku lina pepala lenileni likadzabwera, lidzayambe laonedwa ndi loya wodziwa za nyimbo, ndipo bungwe la Musicians' Union limathandiza mamembala ake kuunika mapepala otere.

Tsopano ndikufuna muwakhazike pansi atsikanawo, bambo awo alinso pomwepo, muwawerengere mbiri ya atsikana ena awiri apachibale amene anayenda njira imene iwo akuilota. Anawo sanabadwe n'komwe pamene izi zinkachitika, koma ntchito yake ikuyendabe chimodzimodzi.

Karen ndi Shelly Poole ndi munthu ndi mng'ono wake, anakulira kum'mawa kwa London. Ankaimba awiri pansi pa dzina loti Alisha's Attic. Muone kaye pamene anayambira. Bambo awo, Brian Poole, anali mtsogoleri wa gulu la The Tremeloes, gulu limene kampani ya Decca inalisankha mu 1962 n'kukana The Beatles. Ndiye kuti ana awa anabadwira m'nyumba imene nyimbo zinali ntchito yodyetsa banja, ndipo anthu a m'makampani sanali alendo kwa iwo. Ngakhale zinali choncho, atayesa koyamba ali achitsikana chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980, palibe chinachitika. Anadikira mpaka 1996, onse atapitirira zaka 20, m'pamene kampani ya Mercury inatulutsa chimbale chawo choyamba, chokonzedwa ndi Dave Stewart wa gulu la Eurythmics. Chimbalecho chinagulidwa kwambiri mpaka kufika mlingo wa platinum, umene ku Britain umatanthauza makope 300,000. Mu 1997 anali m'gulu la opikisana pa mphoto ya Brit ya oimba atsopano. Chimbale chachiwiri chinatuluka mu 1998, chachitatu mu 2001. Chachitatucho sichinayende malonda, kampani inawasiya, gulu linatha.

Werengani zakazo, atsikana inu. Kuchokera 1996 kufika 2001 ndi zaka zisanu. Anthu amene anali ndi bambo wodziwika, kampani yaikulu, wokonza nyimbo wotchuka dziko lonse ndi chimbale cha platinum, moyo wawo wa pasiteji ngati gulu unali zaka zisanu basi. Ndipo amenewa ndi amene zinawayendera. Ambiri amene amayamba awiriawiri safika n'komwe pa chimbale choyamba, n'chifukwa chake mayina awo simungawamve kulikonse.

Koma chimene ndikuwatchulira anthu awiriwa n'zimene zinachitika gulu litatha. Nyimbo zawo ankalemba okha. Choncho kampani itawatsekera chitseko, luso linatsala m'manja mwawo. Karen Poole anasanduka mlembi wa nyimbo za anthu ena. Walembera nawo Kylie Minogue, Sugababes ndi Will Young, ndipo mu 2021 dzina lake linali pakati pa olemba nyimbo imene Becky Hill anaimba ndi David Guetta, patatha zaka 20 gulu lake litatha. Akhoza kudutsa pamsika wa Leicester popanda womuzindikira, koma nyimbo zake zikalira pa wailesi ndalama imamupeza kunyumba. Shelly naye anapitiriza kulemba, anatulutsa chimbale chakechake, kenako anayambitsa gulu lina ndi mwamuna wake. Kuimba awiri kunawapatsa zaka zisanu. Kulemba kwawadyetsa zaka zoposa 20.

Pali enanso awiri apachibale amene mbiri yawo imandikhudza mtima nthawi zonse, Mel ndi Kim Appleby a ku Hackney, bambo awo ochokera ku Jamaica. Mu 1987 anafika pa nambala 1 ku Britain, dziko lonse linkawavinira. Koma nyimbo zimene zinawatchukitsazo zinalembedwa ndi kukonzedwa ndi amuna atatu, Stock, Aitken ndi Waterman. Atsikanawo anali mawu ndi nkhope, umwini wa zolembazo unali wa ena. Chaka chomwecho khansa imene Mel anadwalapo kale inabwereranso, ndipo anamwalira mu January 1990 ali ndi zaka 23. Gulu la anthu awiri lilibe wolowa m'malo. Mmodzi akadwala, akakwatiwa kutali, akatopa, kapena mukangoyambana monga amayambanirana apachibale, ntchito yaima tsiku lomwelo. Chimene chinamunyamula Kim ndi chakuti pa nthawi ya matenda ija iye ndi mng'ono wake anayamba kulemba nyimbo zawozawo, ndipo mu 1990 momwemo nyimbo imene iye analemba nawo inafika pa nambala 2.

Mwina mukudabwa kuti ndikulimbikiranji za kulemba. Nyimbo iliyonse imene mumaimva ili ndi eni awiri. Pali mwini wa nyimbo yeniyeniyo, mawu ndi kamvekedwe kake, ameneyo ndi wolemba. Ndiye pali mwini wa chojambulidwacho, amene nthawi zambiri ndi kampani imene inalipira situdiyo. Ku Britain ndalama za olemba zimatoleredwa ndi PRS for Music, pomwe za oimba ndi eni zojambulidwa zimatoleredwa ndi PPL nyimbo ikaulutsidwa pa wailesi kapena ikaseweredwa m'malo a anthu ambiri. Kwathu ntchito yofanana nayo imagwiridwa ndi COSOMA. Ku Britain umwini wa wolemba umakhalapo moyo wake wonse, kuonjezapo zaka 70 iye atamwalira. Ndi munda umene zidzukulu zimadzakololamo. Ndalama imene kampani imapatsa woimba posaina, imene achinyamata amaiona ngati mphatso, ndi ngongole yobisika: kampani imayamba yabweza yonse kuchokera pa malonda a nyimbo woimbayo asanaonenso kobiri lina.

Ndiye tibwere kwa inu, ana anga. Kanema wanu wafala, zikomo. Koma nyimbo imene mwaimbamo ndi ya munthu wina, ndipo ngati pali ndalama imene yatuluka pa mawu ndi kamvekedwe kake yapita kwa mwini wake. Anthu amene anadina chala pa kanema wanu anadinanso pa makanema ena mazana tsiku lomwelo. Funso langa ndi ili: muli ndi nyimbo zingati zanuzanu zomalizidwa, kuyambira poyamba mpaka pomaliza? Mayi anu sanatchulepo ngakhale imodzi. Ndani mwa inu amaimba kiyibodi kapena gitala moti n'kutsogolera nyimbo yekha? Ndani amatha kutsegula pulogalamu yojambulira pa kompyuta n'kusanja mawu anu popanda kupempha munthu? Ngati yankho ndi palibe, ndiye kuti ntchito imene mukuti sukulu ikukuchedwetserani simunaiyambe n'komwe. Ndikunena mosabisa chifukwa ndatopa kuona ana aluso akutcha ulesi wawo maloto. Kujomba kalasi ya Chemistry n'kukakhala pafoni kuwerenga ndemanga za anthu si kuimba. Ngakhale Spotify yomwe, kuyambira 2024, silipira kanthu pa nyimbo imene sinamvedwe ka 1,000 pa miyezi 12. Fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwamphepo.

Kusiya sukulu nakonso sikuli m'manja mwanu. Lamulo la ku England limafuna kuti mukhale pa maphunziro kapena pa maphunziro a ntchito mpaka mutakwanitsa zaka 18. Iwe wamng'ono, miyezi yatsalayi ika mtima pa GCSE. Ukapanda kupeza giredi 4 pa English ndi Maths, maphunziro awiriwo adzakutsatira kukoleji kulikonse kumene upite, ndipo uzidzabwereza anzako ali mu situdiyo.

Bambo, tsopano ndi inu, ndipo mundikhululukire ndikalankhula mokweza. Ndikudziwa chimene mwawolokera nyanja. Ndikudziwa kuti kumudzi akudikira kumva kuti mwana wa uje ndi dokotala ku Mangalande. Koma tayang'anani pepala limene mwana wabweretsa. Sukulu za udokotala ku Britain kawirikawiri zimafuna ma A atatu, kuonjezapo mayeso olowera otchedwa UCAT ndi kufunsidwa pamaso, ndipo mafomu a udokotala ku UCAS, bungwe lolandira mafomu olowera yunivesite, amatsekedwa pa 15 October, miyezi yochepa kuchokera pano. Mwana ali ndi D ndi ma E awiri pa maphunziro amene sanasankhe yekha. Kumulanda foni sikusandutsa E kukhala A. Mukapitiriza chonchi, chaka chamawa mudzakhala ndi mwana wa zaka 18 wopanda udokotala, wopanda magiredi olowera kwina kulikonse, wopandanso mawu olankhula nanu. Ameneyo ndiye amakathera m'manja mwa amanijala a £800 aja, chifukwa kunyumba kulibe womumvera. Mawu oti simunabwere kudzalera oimba aja anawo awasunga mumtima, ndipo ndikupemphani muwabweze. Munawatengera nokha kukwaya ku Zomba, munkanyadira akamaimba kutsogolo kwa mpingo. Mbewu munadzala nokha, lero yamera, musaizule ndi mkwiyo.

Njira imene ine ndikuikhulupirira ndi iyi, ndipo ndikhalapo pang'ono chifukwa makolo ambiri achimalawi saidziwa kapena amainyoza asanaione. Makoleji a ku England ali ndi maphunziro a nyimbo a Level 3, amene amatchedwa Extended Diploma, ena a satifiketi yotchedwa BTEC, ena a satifiketi ya UAL, yunivesite ya zaluso ya ku London. Ndi a zaka ziwiri, amawerengedwa ngati ma A level atatu, ndipo wokhoza bwino kwambiri amapeza mapointi 168 a UCAS, chimodzimodzi ndi wopeza ma A* atatu. Kumeneko mwana sapita kukangoimba tsiku lonse. Amaphunzira kulemba nyimbo, kujambula ndi kusakaniza mawu, kuyendetsa zokuzira mawu pa zoimbaimba, malamulo a umwini, ndi kawerengedwe ka ndalama za ntchitoyi. Amapatsidwa ntchito yokhala ndi tsiku lomalizira, ndipo akachedwa amalephera monga kwina kulikonse. Kwa mwana woyamba maphunzirowa asanakwanitse zaka 19, nthawi zambiri palibe fizi. Ndiye kuti wamkuluyu akhoza kuyambiranso mu September popanda kutaya kanthu koposa chaka chimodzi, ndipo chaka chimodzi si imfa. Situdiyo imene bambo uja akufunira £800 kukoleji aziilowa sabata iliyonse osalipira.

Ambiri amangodziwa BRIT School ya ku Croydon, kumene anadutsa Adele ndi Amy Winehouse. Kumenekonso n'kumene anaphunzira Marsha Ambrosius ndi Natalie Stewart, atsikana awiri amene anapanga gulu la Floetry, ndipo onani kuti chimodzi mwa zinthu zoyamba kumutsegulira Ambrosius zitseko ku America chinali nyimbo imene analemba nawo, yomwe Michael Jackson anaiika pa chimbale chake cha 2001. Kulembanso komweko. Koma Croydon ili kutali ndi inu. Yambani ndi koleji ya mu Leicester momwemo. Ku Nottingham, ulendo waufupi pa sitima, kuli Confetti, yomwe ili pansi pa Nottingham Trent University ndipo imalandira ana ochokera ku GCSE. Ku Birmingham kuli Birmingham Ormiston Academy. Pitani pa masiku amene amatsegulira makolo, mupite nonse anayi, bambo akaone ndi maso awo zipangizo ndi aphunzitsi. Mukafunse mafunso olimba: amene anamaliza chaka chatha ali kuti, angati analowa yunivesite, angati ali pa ntchito, ndipo satifiketi imene akupereka chaka chino ndi iti, popeza boma lakhala likusintha maphunziro a Level 3.

Ndikadakhala ine, sindikadawaika onse awiri pa kosi imodzi. Wina atenge ya kulemba ndi kuimba, wina ya kujambula ndi kukonza nyimbo. Mukatero nyumba imodzi ili ndi wolemba ndi wokonza, safunikanso kulipira munthu wakunja, ndipo tsiku limene adzasiyane njira aliyense adzakhala ndi chake m'manja. Wokonza mawu amapeza ntchito ku wailesi, ku mafilimu, m'nyumba za zisudzo, m'matchalitchi akuluakulu ndi pa zoimbaimba za anthu ena. Ngati wamng'onoyo akhoza bwino GCSE ndipo amakonda za m'kalasi, palibenso cholakwika kuti atenge ma A level, Music kapena Music Technology ikhale imodzi mwa atatuwo. Asankhe yekha, atamva zonse.

Ndisakunamizeni kuti diploma imeneyi imatsegula chitseko chilichonse. Udokotala siingakulowetseni, ndipo mayunivesite ena apamwamba amafunabe ma A level pa makosi ena. Ntchito za nyimbo nazo zambiri ndi zamaganyu, mwezi wina zilipo mwezi wina palibe. Oimba ambiri amene ndikuwadziwa amaphunzitsanso ana, kapena ali ndi ntchito ina yamasana. Anawo alowe akudziwa zimenezi.

Pali chinanso, mayi, chimene mabanja athu ambiri amachizindikira mochedwa. Simunandiuze mtundu wa chitupa chimene mukukhalira m'dzikomo. Sukulu ndi koleji mpaka zaka 18 si vuto kwenikweni, koma yunivesite ndi nkhani ina. Mwana amene makolo ake ali pa viza ya ntchito ndipo sanapatsidwe chilolezo chokhazikika nthawi zambiri amawerengedwa ngati wochokera kunja: fizi yake imakhala yokwera kwambiri, ndipo ngongole ya boma ya ophunzira sangaipeze. Izi zikukhudza udokotala wa bambo ndi nyimbo za ana mofanana. Kafunseni kwa mlangizi wa pasukulu sabata ino, mutatenga zitupa zanu, kuti mudziwe chaka chimene aliyense wa anawa angalowe yunivesite pa fizi ya eni dziko. Mwina mudzapeza kuti chaka chimene wamkuluyu akuoneka ngati wataya chikukuthandizani.

Mafoni abwezedwe, koma pa mgwirizano. Akaunti ya nyimbo ikhale imodzi, mayi mukhale ndi mawu ake achinsinsi, ndipo aliyense wolemba za ntchito ayankhidwe ndi inu. Wamkuluyu asajombenso kalasi mpaka chaka chithe, chifukwa koleji yatsopano idzafunsa sukulu yake za khalidwe ndi kapezekedwe kake.

Atsikana inu, sindinakumveni mukuimba, koma mayi amene amagwira ntchito usiku wonse sataya nthawi kulemba kalata za ana opanda luso. Ndikhulupirira kuti mphatso ilipo. Mulinso ndi china chimene anzanu a m'kalasi alibe. Munaphunzira kuphatikiza mawu mukwaya ya kwathu, kumene munthu amapeza alito yake ndi khutu popanda pepala, ndipo muli ndi chilankhulo chachiwiri choti n'kulukira m'nyimbo. Musachite nacho manyazi Chichewa chanucho. Oimba a ku Nigeria ndi ku South Africa akumveka pa mawailesi a ku Britain akuimba m'zilankhulo zawo.

Ntchito yanu ndi iyi. Mayeso a GCSE akatha, tchuthi chonsecho mulembe nyimbo khumi zanuzanu. Zisanu ndi ziwiri zidzakhala zoipa, mudzazidziwa nokha, ndipo zimenezo n'zimene zidzakuphunzitseni. Pa nyimbo iliyonse lembani papepala kuti walemba ndani ndipo mwagawana bwanji, musaine nonse awiri, ngakhale muli a bere limodzi. Ziwiri zabwino kwambiri muzijambule bwinobwino, muzitumize ku BBC Introducing, kumene oimba osadziwika amatumiza nyimbo zawo ulere kuti zimvedwe ndi okonza mapulogalamu a wailesi za m'dera lawo. Kumeneko safuna nyimbo za eni ake, amafuna zanu. Zomwezo mudzazigwiritsanso ntchito pokayesedwa kukoleji.

Mayi, mudzandilemberenso mu September. Mudzandiuze kuti nyimbo zakwana zingati, komanso ngati bambo anapita nawo kukaona koleji.